Zoom H6 patatha miyezi 14

Mnzanga amene wangoyamba kupanga mafilimu aafupi anandifunsa dzulo ngati rekoda ya mawu ya Zoom H6 ndi yoti munthu n'kutayirapo ndalama. Ine ntchito yanga ndi kutola mawu pamalo ojambulira filimu, kenako n'kukapeka nyimbo zake kunyumba, ndipo rekoda imeneyi ndakhala nayo miyezi 14.

Mabowo ake anayi a XLR, olumikizirapo maikolofoni, akugwirabe ngati atsopano.  Ukayatsa phantom power ya 48V, magetsi amene rekoda imapereka ku maikolofoni, mabatire anayi a AA sachedwa kutha, choncho ndimangolumikiza power bank pa USB.

Chimene chinanditenga mtima chinachitika kumudzi wina ku Dedza. Tinkajambula amayi akuvina chimtali, ndipo poyeserera ankaimba motsitsa. Kamera itayamba, woimba ng'oma anatenthedwa, n'kuyamba kuimenya ndi mphamvu zake zonse. Ndinangoona timagetsi tofiira tikuphethira kusonyeza kuti mawu apitirira mlingo ndipo akung'ambika, mtima wanga n'kuti myuu, chifukwa dzuwa linali likulowa ndipo kubwereza kunali kosatheka. Usiku nditatsegula mafayilo pa kompyuta, ndinapeza kuti backup record, imene ndinaiyatsa kalekale n'kuiwala, yasunga kope lina la mawu omwewo, lotsika mphamvu ndi 12dB. Ng'oma yonse inali yoyera, yosang'ambika. Dziwani kuti zimenezi zimatheka pa L/R pokha, pamene pamalowa mawu a maikolofoni yomangirira pamutu pa rekodayo, osati pa mabowo anayi aja. Ng'oma yomweyo ndi imene ndinamangirapo nyimbo yotsekera filimu.

Koma ndikakumbukira wogulitsa, chimwemwecho chimazilala. Anandiwonjezera khadi ya SD yolembedwa 64GB, n'kuti ndi basera. Patatha miyezi itatu, mafayilo a tsiku lonse anakana kutseguka. Nditaiyeza, khadiyo inali yachinyengo, yaing'ono kwambiri kuposa zolembedwazo. Ndinabweza theka la malipiro kwa mwini filimu, ndipo manyazi ake sindinawaiwale. Nditabwerera kusitoloko ndi risiti m'manja, bamboyo anangoti za basera sadandaulira, n'kutembenukira kwa kasitomala wina.

Ndiye achimwene, rekodayo gulani, makamaka ngati mwapeza yogwiritsidwapo kale ntchito koma yosamalika, poti kuchokera pamene kwacha inagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023 zipangizo zoterezi zinakwera mtengo koopsa. Yanga inabweza ndalama zake pa ntchito zisanu. Khadi yokha mukagule kwina, ndipo muidzaze mafayilo kunyumba musanapite nayo kukajambula. Kwa bambo uja sindidzapondakonso.