Kindleberger kapena Tooze: muyambe ndi buku liti?

Onsewa ndi akatswiri a mbiri ya zachuma. Malemu Charles Kindleberger, yemwe ankaphunzitsa pa yunivesite ya MIT ku America, adalemba Manias, Panics, and Crashes mu 1978. Adam Tooze wa ku yunivesite ya Columbia ku America komweko adatulutsa Crashed mu 2018.

Nyengo: Kindleberger amabwerera mpaka ku chipwirikiti cha masheya a kampani ya South Sea ku Britain mu 1720. Tooze amakhazikika pa mavuto a zachuma a mu 2008.

Kawerengedwe: loyambalo ndi lopepukirapo. La Tooze ndi chibuku cha masamba oposa 600, chofuna kudekha. Komatu ndimalikonda pomwe likuonetsa mabanki a ku Ulaya akusowa madola, mpaka Federal Reserve, banki yaikulu ya dziko la America, kuwapulumutsa.

Ngati mukungoyamba kumene, tengani la Kindleberger, muone mmene ngongole zosavuta kupeza zimakwezera mitengo mpaka zinthu kuphulika. La Tooze likuyenera ogwira ntchito kubanki ndi atolankhani a zachuma.