The Forest: kodi mitu yozikidwa pamitengo imathamangitsadi adani?

The Forest ndi gemu ya kampani ya Endnight Games ya ku Vancouver, m'dziko la Canada. Inayamba kugulitsidwa pa Steam, sitolo ya pa intaneti ya magemu a pakompyuta, mu May 2014 isanamalizidwe, n'kudzatuluka yathunthu pa 30 April 2018, ndipo mu November chaka chomwecho inafika pa PlayStation 4. Mumasewera ngati bambo wina dzina lake Eric LeBlanc. Ndege imene anakwera yagwa m'nkhalango, mwana wake Timmy wanyamulidwa ndi munthu wodzipaka utoto wofiira thupi lonse, ndipo inu mwatsala ndi kankhwangwa, laita ndi kabuku kosonyeza zimene mungamange. M'nkhalangomo mumakhala anthu odya anzawo. Za kusaka chakudya, kumanga nyumba ndi kulowa m'mapanga ambiri anazifotokoza kale. Ine ndikufuna kukamba za tsamba limodzi la m'kabukuko, la ma effigy, zidole zoopsezera zimene mumamanga ndi mitengo, miyala ndi ziwalo za adani amene mwawapha.

Ndinene poyamba kuti gemu iyi si ya ana. Kuti mupeze mutu, mkono kapena mwendo, mumadula mtembo ndi nkhwangwa, ndipo palibe chimene amakubisirani. Amene magazi amamuchititsa nseru asagule.

Amene amayamba mwambo wa zidolewu si inu ayi. Mukamayenda m'tinjira ta m'nkhalango mumapeza zidole za odya anzawo zitazikidwa kale: mitu pamitengo yosongoka, manja otambasulidwa ngati nthambi, zina zitakongoletsedwa ndi katundu wa anthu amene anafa, mpaka zomenyera mpira wa tenesi. Nthawi zina mumadzuka m'mawa n'kupeza chatsopano pafupi ndi msasa wanu, pamalo pamene dzulo panali udzu wokha. Palibe mawu olembedwa okuuzani tanthauzo lake, koma mumamva m'mimba kuti akuuzani kuti malo ano ali ndi eni ake. Ndiye mukatsegula kabuku n'kuona kuti nanunso mungamange chotere, mumazindikira kuti gemuyi yakupatsani njira yowayankhira m'chinenero chawo chomwe. Apa m'pamene The Forest inandigwira mtima kuposa magemu ena opulumutsa moyo amene ndinasewerapo, mmene mdani amangokuthamangirani mpaka wina agwe.

Odya anzawowa sachita zimenezo. Masiku oyamba amaima patali n'kumakuyang'anani. Wina amakwera mumtengo, wina amathamanga kubwera kwa inu kenako n'kuima pafupi, kuyesa ngati muthawe. Mnzawo akavulala ndinawaonapo akumukoka kumuchotsa pankhondo. Ali m'magulu osiyana: owonda a njala amene amadya ngakhale mitembo ya anzawo, atsogoleri onyamula nyali pamwamba pa mutu, oponya timipira toyaka moto, ndi otuwa a m'mapanga. Mdani wotere, amene amaoneka kuti amaganiza kaye, ndi amene chidole chingamulankhule.

Nanga chimagwira ntchito? Zimene ine ndaona ndi izi. Chidole chongozikidwa, chosayatsa, sichichita zambiri. Amachidutsa, ena amaima n'kuchiyang'ana, ena amachigwetsa. Mukachikulunga nsalu n'kuchiyatsa ndi laita m'pamene zinthu zimasintha. Gulu lobwera molimba mtima limachepetsa liwiro, limazungulira patali, ena amabwerera m'mitengo akukuwa. Kanthawi kameneko n'kamtengo wapatali. Mumatha kudya, kumwa mankhwala, kukwera pansanja n'kukoka uta, kapena kumaliza chipata chimene chinatsala pang'ono. Koma moto umazima, ndipo ukazima amabweranso. Zili ngati chidole cha m'munda wa mapira: mbalame zimachiopa masiku oyamba, kenako zina zimadzatera paphewa pake.

Chimene osewera atsopano sawerengera ndi mtengo wake. Mtembo uliwonse uli ndi ntchito ina yabwino kwambiri. Mukaunyamula paphewa n'kuuponya pamoto, umasanduka mafupa ndi chigaza, ndipo mafupawo ndi amene mumapangira chovala chodzitetezera, mivi yolimba, ngakhale mpanda. Nsalu nayo imasowa. Mumaitola m'masutikesi omwazika pafupi ndi ndege ndi m'mphepete mwa nyanja, ndipo ndi yomweyo imene imafunika popanga uta, chovala cha mafupa, ndi bomba la botolo la mowa. Choncho nsalu iliyonse imene mwawotcha pachidole mwailanda kwina. Mng'ono wanga, amene timasewera limodzi pa intaneti, amati n'kutaya chuma, ndipo akangopha mdani amathamangira naye kumoto ndisanafike ndi nkhwangwa. Tikawerengera phindu lokha, iye ndi amene akunena zoona. Mpanda wa zipika umatsekereza adani, ndipo misampha yogwetsa chipika pamutu ndi msampha wa minga umene gemuyi imautcha Happy Birthday imawapha inu muli patali. Chidole sichipha aliyense.

Palinso malire aakulu. Masiku akamapita, m'mapanga mumatuluka zilombo zosakhalanso anthu: Armsy wa manja ambirimbiri, Virginia wa miyendo ngati kangaude, ndi Cowman wonenepa amene amathamanga n'kugumula chilichonse. Izi sindinazionepo zikuopa chidole, choyaka kaya chosayaka. Armsy amaswa mpanda wa zipika ngati mapesi, ndiye mutu wapamtengo angauwerengere chiyani? Amene wadalira zidole n'kuchedwa kumanga chitetezo chenicheni adzataya msasa wonse usiku umodzi.

Ngati cholinga chanu n'kuopseza basi, utoto wofiira ndi wamphamvu kuposa chidole chilichonse. Mumaupeza m'zitini m'malo ena, ndipo mukadzipaka, odya anzawo ambiri amabwerera m'mbuyo, ena mpaka kugwada pansi ngati akupembedza. Chifukwa chake chili m'nkhani ya munthu wofiira uja amene anatenga Timmy, ndipo sindiulula pano kuti ndisakuonongereni mathero. Vuto lake ndi loti mvula ikagwa kapena mukasambira umachoka. Ndipo amene akufuna mtendere weniweni angomanga nyumba yoyandama pamadzi, poti odya anzawowa satha kusambira.

Komabe ine ndimamanga zidole, ndipo sindidzasiya. Chifukwa changa n'chakuti palibe chinthu china m'gemuyi chimene chimakuonetsani bwino mmene mwasinthira. Tsiku loyamba Eric ndi bambo wamantha wotola zokhwasula m'ndege yosweka. Pakapita nthawi ndi munthu amene waima pachipata usiku, akusankha kuti mkono uwu auloze kumpoto kapena kum'mawa pachidole chodzipangira yekha, poti gemuyi imalola kuika ziwalo mmene mukufunira. Kunyumba kwake kuli nyali za zigaza ndi mpando wa mafupa. Mlendo atatulukira mwadzidzidzi sangasiyanitse mudzi wa Eric ndi mudzi wa amene anamubera mwana. Palibe amene anakukakamizani. Munachita nokha, pang'onopang'ono, pofuna kugona usiku umodzi mwamtendere. Usiku wina titayatsa mzere wonse wa zidole kutsogolo kwa mpanda, gulu la adani linaima kutsidya kwa moto, ife tili chakuno, osaponyerana kanthu. Ngakhale mng'ono wanga uja anakhala chete pamaikolofoni mpaka iwo atatembenuka. Msampha sungakupatseni zimenezo.

Pamene ndikuwadandaula a Endnight ndi pa kusafotokoza. Kabuku kamakuonetsani chithunzi ndi zofunika pomanga, basi. Sikakuuzani kuti chidole chimaopseza mpaka mtunda wotani, kwa nthawi yaitali bwanji, ndiponso adani ati. Mdani akabwerera simudziwa ngati waopa chidole, waopa moto wamba, kapena wangotopa nanu, popeza amabwereranso nthawi zina popanda chidole n'chimodzi chomwe. N'chifukwa chake osewera amatsutsana mpaka lero, ena akuti zimathamangitsa, ena akuti zimangowaputa. Chinsinsi pang'ono chimakometsa gemu yoopsa, ndikuvomereza, koma munthu amene wawononga nsalu yake yomaliza amayenera kuona chizindikiro chomveka choti china chake chachitika.

Gemu yotsatira, Sons of the Forest, inatuluka pa 23 February 2023 isanamalizidwe ndipo yathunthu inafika pa 22 February 2024. Mmenemo kumanga n'kwa manja kwambiri: mumazika kamtengo pansi n'kusomekapo mutu kapena chigaza, ndipo mungathenso kunyamula mutu m'manja n'kuuonetsa kwa adani. Muli ndi mnzanu Kelvin, msilikali wogontha amene mumamulembera zochita papepala, amene amakudulirani mitengo inu mukukonza chipata. Zithunzi zake n'zokongola kwambiri ndipo nkhope za adani zimaoneka bwino akachita mantha, koma imafuna kompyuta yamphamvu, ndipo funso lija la kuchuluka kwa mphamvu ya chidole silinayankhidwebe momveka.

Kwa amene kompyuta yake ndi yapakatikati, The Forest yoyambayo ndi imene ndingamuuze kuti agule. Pa Steam mtengo wake ndi madola a ku America pafupifupi 20 ndipo nthawi zambiri amautsitsa kwambiri. Pa kompyuta mungasewere anthu mpaka 8 pamodzi. Mangani mpanda kaye, ikani misampha panjira imene adani amadzera, pangani chovala cha mafupa. Zikatha izi, sungani mitu iwiri kapena itatu ndi nsalu pang'ono, zikani zidole kunja kwa chipata pamene mungazifikire msanga ndi laita, ndipo muziyatse pokhapokha mwamva kukuwa kwawo kukuyandikira. Mukaziyatsa madzulo dzuwa likungolowa, zidzakhala zitazima pamene iwo akufika.