Usiku umene migolo ya mafuta inaimba: ndemanga pa ulendo wa steelpan ndi zakudya za mumsewu ku Port of Spain

Aliyense wokhala mu Lilongwe muno amaudziwa mgolo wachitsulo. Kwa Kawale ndi ku Area 25 timasungiramo madzi mipope ikauma, ndipo amisiri a ku Mchesi amaucheka n'kusula mbaula, ziwaya ndi zina zapakhomo. N'chifukwa chake sindinayembekezere zambiri pamene mayi wina wogwira ntchito pahotelo imene ndinafikira ku Port of Spain, likulu la dziko la Trinidad and Tobago, anandiuza kuti pali ulendo wa madzulo wokamvera nyimbo zoimbidwa ndi migolo, chida chimene amachitcha steelpan, komanso kulawa zakudya za m'mbali mwa msewu. Ndinapita kumeneko pa za ntchito kumayambiriro kwa Febuluwale, ndipo chibwerereni anzanga kuofesi akhala akundifunsa ngati ulendowo ukufanana ndi ndalama zake, makamaka awiri amene nawonso akuyembekezera kukachita msonkhano kudzikolo. Yankho langa ndi lakuti ukufanana nazo, ngakhale kuti ndili ndi dandaulo limene sindilibisa.

Lonjezo la kampaniyo linali lomveka bwino: kutitenga pahotelo nthawi ya 6 koloko madzulo, kutionetsa mabwalo awiri amene magulu oimba amakonzekererapo, omwe eni ake amawatcha panyard, kutidyetsa pamalo atatu, ndi kutibweza pofika 10 koloko usiku. Malipiro anali a madola a ku America, ndipo munthu amene anavutikapo kusaka madola m'mabanki a mumzinda uno amadziwa kuti ndalama yotere siituluka m'thumba mtima usanagunde. Alendo tinalipo 11. Minibasi inachedwa ndi mphindi 40, woyendetsa anapepesa ponena kuti magalimoto anathinana, ndipo sindinaone kuti ndi nkhani, poti amene amawoloka mlatho wa mtsinje wa Lilongwe dzuwa likamalowa sangadzudzule mnzake pa zimenezo. Ndinadzazindikira usiku utapita kale kuti mphindi zimenezo zidzadulidwa pa gawo lokoma kuposa onse.

Wotitsogolera anali bambo wachikulire amene anaimbapo steelpan pa unyamata wawo, ndipo bambowa ndiwo chuma chenicheni cha kampaniyo. Tili m'minibasi anayamba ndi chaka cha 1881, pamene apolisi a boma la atsamunda la Britain anamenyana ndi anthu akuda pa chikondwerero cha Canboulay, ndipo anati mu 1884 bomalo linakhazikitsa lamulo lotsekereza ng'oma m'misewu. Zidzukulu za akapolo sizinakhale chete. Zinadula nsungwi misinkhu yosiyanasiyana n'kumazigunda pansi, maimbidwe amene amatchedwa tamboo bamboo, ndipo pofika zaka za m'ma 1930 anyamata a m'madera osauka monga Laventille anali akumenya zitini za mabisiketi ndi zitsulo zotola, mpaka anazindikira kuti chitsulo chikapindika malo amodzi chimatulutsa mawu osiyana ndi malo ena. Migolo ya mafuta ya magaloni 55, amene ndi malita pafupifupi 208, inali mbwee chifukwa dzikolo limakumba mafuta, komanso asilikali a ku America anali ndi malo awo ku Chaguaramas pa nkhondo yachiwiri yapadziko lonse. Pamene tinkadutsa mumsewu wa Tragarete, moyang'anizana ndi bwalo la Queen's Park Oval, anatilozera bwalo la gulu la Invaders, kumene kunachokera Ellie Mannette, mmisiri amene amatamandidwa chifukwa chokhoma nkhope ya mgolo kuti ilowe m'kati ngati mbale. Nkhaniyi inandikumbutsa mganda wa kwathu ku Dowa, momwe anyamata osowa malipenga a asilikali anasandutsa zipanda kukhala badza.

Bambowa sanabise kuti kale woimba migolo ankaonedwa ngati wandewu, kuti magulu ankavulazana akakumana pamsewu, ndiponso kuti kholo lolongosoka silinkalola mwana wake kuyandikira panyard. Ulemu unabwera pang'onopang'ono. Mu 1951 gulu la TASPO linakaimba ku London pa chionetsero cha Festival of Britain, mpikisano wa magulu oimba migolo wotchedwa Panorama unayamba mu 1963, boma linalengeza mu 1992 kuti steelpan ndiyo chida choimbira cha fuko, ndipo mu 2023 bungwe la United Nations linapatula tsiku la 11 Ogasiti kukhala lokumbukira chidachi. Zonsezi anazikamba popanda pepala, ndipo funso lililonse ankaliyankha moleza mtima.

Pabwalo loyamba tinafika nthawi itangopitirira 7 koloko, ndipo tinapezapo anthu osakwana khumi. Oimba ambiri ndi anthu apantchito ndi ana asukulu, kotero amasonkhana usiku utayamba kukhwima, chinthu chimene kampani yochita malonda amenewa sabata ndi sabata iyenera kuchidziwa. Komabe kupanda anthuko kunatipatsa mpata woona zida pafupi. Mgolo wa mawu okwera, wotchedwa tenor, ndi wodulidwa mofupika, ndipo m'kati mwake muli timatumphu tooneka ngati mazira, tatikulu m'mphepete ndi tating'ono pakati, kalikonse ndi liwu lake. Ya mawu otsika imasiyidwa yathunthu, ndipo woimba mmodzi amaima pakati pa migolo isanu ndi umodzi kapena kupitirira apo. Pakona panali mmisiri wochuna, atawerama ndi nyundo yaing'ono. Ankagogoda katumphu kamodzi kuchokera pansi, n'kukamenya ndi kamtengo kokulunga mphira kunsonga, n'kutchera khutu, kenaka n'kugogodanso pamwamba, ndipo nthawi yonse imene tinaima pamenepo sanachoke pa liwu limodzi lomwelo. Anatiuza kuti mgolo ukakhomedwa umawambidwa pamoto kuti chitsulo chikhwime, ndipo dzuwa likautentha kwambiri mawu amasokonekera, n'chifukwa chake timangolo tonyamulira migolo timakhala ndi denga. Ndinaganiza za woimba mbalule pabwalo la Gule Wamkulu, amene amawotha ng'oma pamoto ndi kumata phula pachikopa mpaka liwu litakhala. Mmisiri uja atandipatsa timitengo kuti ndiyese, ndinamenya ngati ndikukhoma msomali, mgolowo unalira moipa, ndipo mmisiriyo anandigwira pamkono n'kundionetsa kuti kamtengo kamangofunika kudumpha.

Kuchoka apo tinapita ku Queen's Park Savannah, dambo lalikulu la pakati pa mzinda limene magalimoto amalizungulira mbali imodzi, kumene ogulitsa zakudya amamanga matenti kukada. Chakudya choyamba chinali doubles, tizigamba tiwiri tofewa ta ufa wa tirigu tokazinga m'mafuta, totchedwa bara, pamwamba pake atathirapo tchana wophika ndi zokometsera zachimwenye, msuzi wa bwemba ndi tsabola. Wotitsogolera anafotokoza kuti zakudya zotere zinabwera ndi Amwenye amene atsamunda ankawatengera kuminda ya nzimbe kuyambira 1845 mpaka 1917. Palibe mbale kapena supuni. Wogulitsa amakuikira papepala m'dzanja, umadya chiimire, ndipo ukamameza komaliza iye wakonza kale china. Bambo aja anatilangiza kuti tipemphe tsabola wochepa, koma ine, podalira kuti ndinakulira kambuzi wa pachiwaya cha ku Bwandilo, ndinapempha wokwanira. Kunyada kumeneko ndinakulipira ndi misozi. Chimene chinandipulumutsa ndi madzi a kokonati wamuwisi, amene mnyamata wina anamusenga ndi chikwanje katatu kokha n'kundipatsira ali m'chikhokho chake.

Supu ya chimanga ndiyo inandikhalira bwino kuposa zonse. Ndi yokhuthala, yophikidwa ndi nsawawa zosweka ndi mkaka wa kokonati, muli zidutswa za chimanga chachiwisi chosakonola ndi timibulu ta ufa, ndipo imaperekedwa m'kapu ili yotentha. Munthu wa dziko la chimanga ngati ine ndinadabwa kuti mondokwa timangomudziwa wootcha ndi wophika basi. Pholourie, timipira tokazinga toviika mu msuzi wa bwemba, ndi m'bale wake wa mandasi, kungoti alibe shuga, ndipo sindinaonepo chachilendo. Pa zaukhondo ndilibe chodandaula, popeza chilichonse chinkaphikidwa tikuona, ndipo palibe mmodzi mwa ife amene anadandaula m'mimba m'mawa mwake. Malo achitatu anali ku St James, mumsewu wa Western Main Road, kumene tinaima pamzere wa roti, chapati yokulungamo ndiwo, kwa theka la ola mimba zitadzaza kale. Roti anali wabwino ndithu, koma ambiri tinangomukulunga n'kupita naye, ndipo nthawi imeneyo inatayika pachabe.

Pabwalo lachiwiri tinafika cha m'ma 9:30, ndipo apa mpamene ndalama zanga zinabwerera. Malowo pawokha sanali okongola: shedi yamalata, simenti yong'aluka, mababu olendewera ndi anthu apafupi atakhala pamabenchi ndi pamakireti, ena atanyamula makanda. Koma m'shedimo munali oimba ochuluka moti sindinathe kuwawerenga, ndipo wotitsogolera anati magulu aakulu amafika anthu 100 ndi kupitirira akamalowa mumpikisano. Pakati pawo, pamalo okwera, panali gawo lotchedwa engine room, la ng'oma wamba ndi anyamata omenya zitsulo za mabuleki a galimoto, zomwe zija zimangotayidwa m'magalaja a ku Biwi. Chitsulo chimenechi ndicho chimagwira mayendedwe a gulu lonse, ndipo kulira kwake kumaboola phokoso lina lililonse.

Chimene sindidzaiwala ndi mmene amaphunzirira. Sindinaone pepala la nyimbo pamaso pa woimba aliyense. Wokonza nyimbo ankapita pa mgolo umodzi, n'kuimba kachigawo kakafupi, atsogoleri a magawo n'kukatola ndi maso ndi khutu, n'kukapereka kwa anzawo. Kenaka ankagogoda chitsulo, gulu lonse n'kuyamba, iye n'kukweza dzanja, onse zii, n'kuyambiranso. Kachigawo kamodzi anakabwereza mpaka ndinasiya kuwerenga. Pafupi ndi pamene ndinaima panali mtsikana wa zaka ngati khumi ndi ziwiri, atakwera pakireti kuti afikire mgolo wake, maso ali pa manja a mayi wa imvi amene anali pambali pake. Ankalakwa malo amodzimodzi nthawi zonse, n'kuluma mlomo, ndipo mayiyo, osasiya kuimba, ankangomuloza ndi chibwano katumphu koyenera. Pamene mtsikanayo anadutsa malo ovutawo bwinobwino, mayiyo sanamuyamikire ndi mawu, anangomugunda pang'ono ndi chigongono. Wotitsogolera anatilowetsa pakati pa migolo ya mawu otsika, ndipo pamenepo nyimbo siimveka ndi makutu okha, imanjenjemeretsa nthiti ndi mawondo. Palibe waya, palibe sipika, koma mawuwo ndi odzaza ngati kwaya yaikulu ya tchalitchi ikafika pachimake.

Dandaulo langa lili pamenepa. Titakhala mphindi zosakwana 30, wokonza nyimbo analengeza kuti tsopano aimba nyimbo yonse kuchokera poyambira, anthu a pamabenchi anaimirira, ndipo nthawi yomweyo woyendetsa minibasi anayamba kutikodola kuti nthawi yatha. Tinatuluka pageti nyimbo ili pakati, ndipo gawo lotsala ndinalimvera pazenera tikukhota. Wotitsogolera anaoneka wamanyazi ndipo anapepesa, koma vuto silinali lawo. Linali la ndondomeko imene inatifikitsa molawirira pabwalo lopanda anthu, n'kutiimika pamzere wa chakudya chachitatu chosafunika, n'kutichotsa pamene chimene tinadzera chinali chitangoyamba. Nditalembera kampaniyo m'mawa mwake, inayankha mwaulemu koma sinanene ngati isintha kalikonse.

Kwa anzanga amene mukupita, dziwani kuti pa panyard salipiritsa pakhomo, ndipo chimene mumagula kwenikweni ndi galimoto, munthu wodziwa madera oyenera kuyendamo usiku, ndi mbiri yokambidwa ndi mwini wake. Kwa mlendo wa masiku ochepa zimenezi si zazing'ono. Nyengo yabwino ndi Januwale ndi Febuluwale, pamene magulu amakonzekera Panorama usiku uliwonse chisanafike chikondwerero cha Carnival, chimene chimachitika Lolemba ndi Lachiwiri lotsogolera Lachitatu la Phulusa. Miyezi ina funsani kaye ngati gulu likhalapo usikuwo. Musanalipire, gwirizanani kuti mukhale ola lathunthu pabwalo lomaliza ngakhale zitatanthauza kusiya malo amodzi a chakudya, ndipo tengani ndalama zing'onozing'ono za dzikolo zogulira chakumwa kumabwaloko, poti magulu amapezerapo kangachepe.

Sabata yatha ndinapita ku Mchesi kukawotcheretsa geti, ndipo ndinaonetsa mmisiri wanga kanema amene ndinajambula pafoni. Anaonera kawiri, n'kuimitsa pamene pakuoneka m'kati mwa mgolo, n'kukulitsa chithunzicho ndi zala zakuda ndi dzimbiri. Anati kukhoma mgolo kuti ulowe chonchi ndi ntchito ya tsiku limodzi ndipo nyundo zake ali nazo, kenaka anandifunsa kuti, kodi bwana, amene adzandiuze kuti liwu lakhala ndani? Anaitana mnyamata wake, amene amaimba kiyibodi kutchalitchi kwawo, kuti adzaone.