Banki mkhonde ku Chigwa cha Shire: imathandiza, koma ili ndi pofooka

Pa ngongole yachangu, banki mkhonde ilibe inzake ku Nchalo kapena ku Ngabu. Safunsa chikole, ndipo bokosi losungiramo ndalama limakhala ndi maloko atatu, makiyi kwa anthu atatu osiyana.

Pofooka pake akatswiri a mbiri ya chuma amapadziwa bwino: ndalama ikagwa, wosunga ndiye amapsa, wobwereka n'kupepukidwa. Mu Novembala 2023 kwacha inagwa ndi 44 peresenti, dola kuchoka pa K1,180 kufika pa K1,700. Ogawana masheya mu Disembala anapeza mitengo itakwera kale.

Chinanso, mamembala ambiri amadalira madimba omwewo. Madzi akasefukira ngati nthawi ya namondwe wa Freddy, ambiri amalephera kubweza pamodzi, bokosi n'kuuma. Mukagawana ndalama musazisunge m'nyumba, gulani mbuzi msanga.