BBC World Service ndi nkhani za ku Iraq Saddam atagwa

Za Iraq ndinaziphunzira pa kawailesi ka mabatire komwe mlongoti wake unathyoka ndipo ndinkaumanga ndi waya. Usiku uliwonse ndinkakagwira pafupi ndi khutu kumvera pologalamu ya nkhani ya Newshour pa BBC World Service, mawu akubwera ndi kuzimiririka.

Pa 9 Epulo 2003, asilikali a America atalowa m'dzikolo, chiboliboli cha pulezidenti wa Iraq Saddam Hussein chinagwetsedwa pa Firdos Square ku Baghdad, ndipo pa 1 Meyi pulezidenti wa America George W. Bush analengeza kuti nkhondo yaikulu yatha. Ineyo ndinakhulupirira. Chomwe ndimawayamikira atolankhani a wailesiyi n'chakuti sanalongedze katundu n'kubwerera kwawo. Anakhalabe, n'kumatiuza zomwe zinkachitika mpando utasowa mwini.

Ndi kwa iwo komwe ndinamvetsa kulakwa kwa Paul Bremer, amene America inamuika kuti ayendetse dzikolo. Mwezi womwewo wa Meyi anachotsa ntchito akuluakulu a chipani cha Saddam cha Baath, kenako anathetsa gulu lonse la asilikali a Iraq. Taganizani amuna zikwi mazana ambiri, odziwa kugwira mfuti, malipiro palibe, ana akulira njala kunyumba. Bomba litaphulika pa likulu la United Nations ku Baghdad pa 19 Ogasiti, n'kupha anthu 22 kuphatikizapo nthumwi ya bungweli ku Iraq, Sergio Vieira de Mello, ndinali nditadziwa kale kuti moto ukuchokera kuti.

Ndinkakondanso kuti ankatchula mayina a olimbirana ulamuliro: Muqtada al-Sadr ndi gulu lake lankhondo la Mahdi, mtsogoleri wachipembedzo Ayatollah Ali al-Sistani ku Najaf, Akurdi kumpoto, ndipo kuyambira 2006 nduna yaikulu Nouri al-Maliki. Mzikiti wa al-Askari ku Samarra utaphulitsidwa mu Febuluwale 2006, anafotokoza bwino chifukwa chake Asilamu Achisunni ndi Achishia oyandikana nyumba anayamba kuopana.

Pomwe mtima wanga sukhutira ndi pa nkhani zachidule za pa ola. Akuti afa anthu makumi atatu pamsika, basi, apita ku nkhani ina. Amenewo anali amayi ndi ana a anthu, ndipo ndinkafuna kumva dzina la mmodzi yekha. Ndiye ngati mukumvera, dikirani pologalamu yaitaliyo.

Asilikali a America anachoka mu Disembala 2011. Mzinda wa Mosul utagwa m'manja mwa zigawenga za ISIS mu Juni 2014 ndinamvera pa foni, kawailesi kaja katafa kale, ndipo mayina ambiri omwe ankatchulidwa usiku umenewo ndinali kuwadziwa.