Myuziyamu ya ku Kobarid, abale mukafikeko

Anzanga a kuno ku Harare akhala akundifunsa za ulendo wanga wa ku Slovenia, ndiye ndingonena za malo amodzi omwe anandikhudza kwambiri, myuziyamu ya ku Kobarid. Kamudzi kakang'ono ndithu m'mapiri, pafupi ndi malire a Italy, anthu a ku Italy amakatchula Caporetto. Nyumbayi anaitsegula mu 1990 ndipo imafotokoza za nkhondo yoyamba ya dziko lonse m'mbali mwa mtsinje wa Soča, nkhondo 12 kuyambira 1915 mpaka 1917, mwaikidwa zithunzi, zovala za asilikali, mapu a mapiri onse aja, ine ndinangoima duu osayankhula. Tangoganizani agogo a kumeneko anabadwira pansi pa Austria, kenako Italy, mu 1947 Yugoslavia, 1991 Slovenia, koma khomo lomwelo osasamuka!

Zinandikumbutsa zomwe amatiuza malemu agogo ku Mbare za anthu akwathu ku Nyasaland omwe anatengedwa kukasenza katundu pa nkhondo yomweyi, amtengatenga aja, ambiri osabwerera.

Wotilondolera anali wodekha, amayankha funso lililonse mwa chizungu chomveka. Mutenge jekete, mphepo ya kumapiri kuja imalowa mpaka m'mafupa.