Miyezi 10 ndi makina otchezera madzi: nkhoko imene asidi anaikanika

Sabata yatha mphunzitsi mnzanga wa sayansi anandiimbira foni kuti, "Achimwene, makina anu otchezera madzi aja akugwirabe? Nanenso ndigule?" Ndinawayankha kuti akugwira, koma madzulo omwewo makinawo anazima madzi ali theka. Ndiye ndati ndilembe zonse bwinobwino.

Makinawa amawiritsa madzi n'kuziziritsa nthunzi yake kuti isandukenso madzi, mchere n'kutsala mu mphika. Ndinawagula kuti ndizipeza madzi opanda mchere uliwonse osungunulira mankhwala a mu labu. Amalowa malita 4, elementi yake ndi ya mawati 750, ndipo amatha maola 4, kutanthauza mayunitsi 3 a magetsi ulendo uliwonse. Fani yoziziritsa nthunzi ikuzungulirabe, kungoti imasokosa. Madzi otuluka ndimawayesa ndi dontho la silver nitrate. A pampopi amachita mbuu pomwepo, chifukwa chloride wa m'madzimo amagwirana ndi silver n'kupanga silver chloride, yemwe sasungunuka: Ksp yake (nambala yosonyeza malire a kusungunuka kwa mchere) pa 25°C ndi pafupifupi 1.8 × 10⁻¹⁰, moti chloride ngakhale wochepa bwanji sangabisale. Otchezedwa amangokhala mbee. Pamenepo ndilibe dandaulo.

Nkhani ili pansi pa mphika wowiritsira. Mwezi woyamba panayala nkhoko yoyera, ndipo sindinadabwe. Madzi okhala ndi calcium hydrogencarbonate akamawira, mpweya wa carbon dioxide umathawa ndipo calcium carbonate amagwa pansi, poti lita imodzi ya madzi oyera imangosungunula mamiligalamu pafupifupi 13. Wogulitsa anandipatsa ufa wa citric acid wotsukira. Ndikathira, nkhoko ija inkachita thovu n'kusungunuka. Tsiku lina ndinathira ufa wambiri n'kuwiritsa monga kapepala kake kamanenera, ndipo madzi atazizira ndinapeza matope oyera atadikha pansi. Ameneyo anali calcium citrate, yemwenso safika galamu imodzi pa lita. Kuyambira pamenepo ndimathira ufa pang'ono m'madzi ambiri ofunda, n'kutaya asanachite mbuu.

Chomwe chinandisowetsa mtendere chinayamba mwezi wachinayi. Pakati penipeni, pamwamba pa elementi, panatsala chigamba chotuwa, cholimba ngati simenti. Asidi ankangochidutsa, thovu osatuluka n'komwe. Ndinapala pang'ono ndi nsonga ya mpeni, n'kusungunula mu hydrochloric acid wosukuluka, kenako n'kudonthezamo barium chloride. Munachita mbuu, ndipo mbuuyo sanachoke ngakhale munali asidi. Ndiye kuti sulfate, poti barium sulfate sasungunuka ngakhale mu asidi. Nkhoko yanga inali calcium sulfate.

Poyamba zinandizunguza, chifukwa calcium sulfate amasungunuka ndithu, magalamu pafupifupi 2 pa lita, ndipo madzi anga sakhala naye wochuluka chotero. Koma makinawa amazima okha pokhapokha mphika ukauma gwa. Malita 4 akaphwa n'kutsala kapu imodzi, calcium ndi sulfate yense amapanikizana m'kapu imeneyo mpaka kupyola malire a Ksp, ndiye mcherewo umagwa. Umagwera pamalo otentha kwambiri, popeza mchere umenewu sukonda kusungunuka kutentha kukakwera. Citric acid amagonjetsa carbonate chifukwa amamusandutsa mpweya womwe umachokamo, ndiye winanso amasungunuka kulowa m'malo. Sulfate alibe khomo lotulukira ngati limenelo. Chigamba chikakula chimatsekereza kutentha, elementi imapsa mopitirira, makina n'kuzima madzi akadalipo. Ukayatsanso, umawiritsa kawiri madzi omwewo, ndipo bilu ya magetsi imaonetsa.

Ndinapita kwa wogulitsa ndi zithunzi. Anati chitsimikizo cha chaka chimodzi sichikhudza nkhoko, ati ndi vuto la madzi anga. Kenako ananditulutsira paketi ya ufa "wamphamvu" pamtengo woti ukagula kanayi wafika pa mtengo wa makina ena. Nditafunsa kuti muli mankhwala anji, anangoti umagwira ntchito. Ndinabwerako mtima uli phuluphulu, ndipo tsiku limenelo munthu akanandifunsa ndikanati asayerekeze kugula.

Atazima sabata yatha ndinayesa njira ina. Ndinasungunula sodium carbonate m'madzi otentha, n'kuviika chigamba chija usiku wonse. Calcium carbonate sasungunuka kwambiri poyerekeza ndi calcium sulfate, ndiye calcium amasiya sulfate n'kugwirana ndi carbonate, sulfate n'kutsala m'madzi. M'mawa ndinataya madziwo, kutsukuluza, n'kuthira citric acid. Thovu linatuluka pa chigamba chomwe chinakhala chete miyezi 6! Ndinaima pamenepo ndikumvetsera kuthetheka kwake. Ndinabwereza katatu, poti kusinthaku kumangochitika pamwamba, ndipo ulendo wachitatu chitsulo chinaonekera. Ndaphunzitsa mutu umenewu zaka zambiri pa bolodi, koma mphika uwu ndiutengera m'kalasi kuti ana aone okha.

Tsopano ndagula kapulagi kokhala ndi wotchi kozimitsa makina pakatha maola 3. Mumatsala lita imodzi ya madzi, ndipo ndimataya akadali ofunda. Ndimapeza malita 3 m'malo mwa 4, ndipo zimandiwawa kuti ndaonjezera ndalama pa chinthu chimene opanga akanaika okha.

Kwa mnzanga uja ndanena kuti agule, chifukwa kugula madzi otchezedwa m'mabotolo mwezi ndi mwezi kukanandidyera zambiri kuposa zonsezi, koma awerengere kapulagi kaja pamtengo, ndipo asakagule kumene ndinagula ine. Wogulitsayo ndinamutumizira uthenga Lolemba womufotokozera za sodium carbonate, kuti azithandiza makasitomala ena. Anauwerenga, n'kundiyankha kuti ufa wake uja autsitsa mtengo.